Anthu a ku Brazil akupukwa timagemu ta ubwana wawo: tomwe tingapulumuke ndi tomwe tinapita

Akonzi,

Tipatseniko danga m'nyuzipepala yathuyi tikambepo za nkhani imene ena angaiyese yachibwana. Ku Brazil kuli m'badwo wa anthu obadwa m'zaka za m'ma 1990 ndi kumayambiriro kwa m'ma 2000, omwe lero ndi akuluakulu, ena ali ndi ana awo kale. Ukawatchulira Click Jogos, Friv, Habbo, Club Penguin kapena Colheita Feliz, nkhani siitha msanga. M'Chipwitikizi chawo amati ali ndi saudade, kutanthauza kupukwa chinthu chimene unali nacho koma sukudziwa ngati udzachionanso. Magemuwo amawatchula mochepetsa kuti joguinhos, ndiye kuti timagemu: tija munthu ankangotsegula tsamba la pa intaneti, n'kudikira pang'ono, n'kuyamba kusewera, osagula CD, osalowetsa kanthu mu kompyuta.

Ambiri mwa opukwawo amakhulupirira kuti zonse zinafa tsiku limodzi pamene Flash, pulogalamu yomwe magemuwa ankayendera, inatsekedwa. Si choncho ayi. Timagemuti tinali mitundu iwiri, ndipo imfa zake n'zosiyana. Tina moyo wake wonse unali m'fayilo imodzi yaing'ono, ndipo malinga fayiloyo ilipo, tingadzuke lero lomwe. Tina moyo wake unali pa seva ya kampani, kompyuta yakutali yosunga ndi kuyendetsa gemu, ndi mwa anthu omwe ankakumana mmenemo. Amenewo ndi madzi otayika, saoleka. Wosasiyanitsa ziwirizi amataya nthawi, ndipo kawirikawiri amatola mavairasi poyesa kudzutsa chosadzuka.

Kuphweka kwa magemuwa kunabadwa ndi umphawi wa intaneti ya nthawiyo. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000 mabanja ambiri a ku Brazil omwe anali ndi intaneti ankalumikiza kudzera pa waya wa lamya ya m'nyumba, yomwe amaitcha internet discada. Modemu inkalembedwa kuti 56 kbps, koma kwenikweni inkakoka makilobayiti 4 kapena 5 pa sekondi. Werengani nokha: gemu ya megabayiti imodzi inkatenga mphindi 3 kapena 4 kuti ifike, ya mamegabayiti 5 inkadya pafupifupi mphindi 20, ndipo wina akanyamula lamya pabalaza zonse zinkatha kudukira panjira. Bilu inkakwera molingana ndi nthawi, kupatula maola a pulso único, pamene munthu ankalipira kamodzi kokha ngakhale akhalepo maola angati: kuyambira 12 koloko usiku mpaka 6 koloko m'mawa mkati mwa sabata, Loweruka kuyambira 2 koloko masana, ndi Lamlungu tsiku lonse. N'chifukwa chake ambiri akamakumbukira magemuwa amakumbukiranso Loweruka masana ndi kulira kwa modemu. Intaneti yothamangirapo ya Speedy, Velox ndi Vírtua inafika pang'onopang'ono, kuyambira m'madera a anthu opeza bwino.

Mwana wa kunyumba yopanda kompyuta ankapita ku lan house, chipinda chodzaza makompyuta cholipira pa ola, nthawi zambiri real (ndalama ya ku Brazil) imodzi kapena awiri. Kafukufuku wa TIC Domicílios wa bungwe la CGI.br anapeza kuti mu 2007 pafupifupi theka la ogwiritsa ntchito intaneti m'dzikomo ankaipeza m'malo olipira oterewa. Kunalinso corujão, kulipira usiku wonse mpaka mbandakucha, ngakhale boma la chigawo cha São Paulo linaika lamulo mu 2006 lochepetsa kulowa kwa ana m'malo amenewa popanda chilolezo cha makolo. Mwana wolipira ola limodzi safuna gemu yoyamba ndi malangizo a mphindi 15. Amafuna yoti aimvetse m'masekondi ochepa, agwe, ayambirenso, nthawi isanathe pa kauntala. Opanga magemu omwe anazindikira zimenezi ndi amene magemu awo akukumbukiridwa mpaka lero.

Pafupifupi timagemu tonseti tinkayendera Flash. Pulogalamuyi inayamba mu 1996 ndi dzina loti FutureSplash Animator, kampani ya Macromedia inaigula chaka chomwecho, ndipo Adobe inagula Macromedia mu 2005. Mphamvu yake inali pa kajambulidwe. M'malo mosunga chithunzi kadontho ndi kadontho, Flash inkasunga malangizo akuti jambula mzere kuchoka apa kufika apo, paka utoto wakuti. Malangizo salemera, n'chifukwa chake gemu yathunthu, ndi nyimbo zake zomwe, inkakwana m'fayilo imodzi ya .swf yosakwana megabayiti imodzi kapena ziwiri. Bwalo losewerera pogwiritsa ntchito muyeso wachizolowezi linali madontho 550 m'litali ndi 400 msinkhu, lokwanira bwino pa masikirini a chimtumbira a nthawiyo. Fayiloyo inalinso yosavuta kuikopera, kotero mawebusaiti a ku Brazil monga Click Jogos ankatola magemu opangidwa kunja, omwe ambiri ankayambira pa Newgrounds, Miniclip, Armor Games kapena Kongregate, n'kuwapatsa mayina a Chipwitikizi. Mfundo ya mayinayi muisunge, tidzaifuna kutsogoloku.

Tengani gemu yomwe ku Brazil amaidziwa kuti Fogo e Água, yomwe dzina lake lenileni ndi Fireboy and Watergirl, ya Oslo Albet, yotuluka mu 2009. Ana awiri amakhala pa kiyibodi imodzi, nthawi zina pa mpando umodzi. Wa kumanja amayendetsa mnyamata wa moto ndi mabatani a mivi, wa kumanzere amayendetsa mtsikana wa madzi ndi A, W ndi D. Mnyamata amadutsa bwino m'dziwe lofiira koma amafera m'lobuluu, mtsikana n'chimodzimodzi motembenuza, ndipo thope lobiriwira limapha onse. Palibe amene angamalize yekha: wina amaponda batani kuti chikepe chikwere, mnzake n'kudutsa, kenaka iyeyo n'kukankha chogwirira kuti wotsalayo adutsenso, mpaka aliyense aime pa chitseko chake. Mikangano ya pachibale yomwe gemuyi inkayambitsa, yoti "ndalumphatu ine, batani ndi lomwe silinagwire", nthawi zambiri wonenayo ankanena zoona. Makiyibodi otchipa amalumikiza mabatani ake ngati ukonde wa mizere yopingasa ndi yoimirira, ndipo ukadina mabatani atatu kapena anayi ena pamodzi, kiyibodi imalephera kudziwa lomwe ladinidwa, n'kungotaya limodzi. Vutoli lilipobe pa malaputopu ambiri lero. Mankhwala ake n'kulumikiza kiyibodi yachiwiri ya USB kuti aliyense akhale ndi yake. Kompyuta imamva zonse ziwiri ngati imodzi.

Papa's Pizzeria ya Flipline Studios, ya mu 2007, inali ya mtundu wina. Kasitomala akulamula, iwe ukulemba pa tikiti: zoika pamwamba zingati, mbali iti ya pizza, ikhale nthawi yaitali bwanji mu uvuni, idulidwe magawo 4, 6 kapena 8. Ukamakongoletsa ya wachiwiri, ya woyamba ikupserera, wachitatu akutopa pa mzere, ndipo ndalama yathokozo ikucheperachepera. Palibe batani lovuta, ndi mbewa ya kompyuta yokha, koma mutu umagwira ntchito. Bloons Tower Defense ya Ninja Kiwi ya ku New Zealand, ya chaka chomwecho, inali anyani ophulitsa mabaluni basi, komabe kusankha pomuika nyani woyamba kunali nkhani yoganizira. Kwa ife, apa ndi pamene anthu onyoza magemuwa amaphonya: anali osavuta kuyamba, osati osavuta kupambana.

Imfa ya Flash sinali yadzidzidzi. Mu Epulo 2010 Steve Jobs, yemwe anali mkulu wa kampani ya Apple, analemba kalata yofotokoza chifukwa chake iPhone ndi iPad sizidzailola. Mafoni atalanda msika, komanso akuba a pa intaneti atazolowera kulowera m'mipata ya pulogalamuyi, Adobe inalengeza mu Julayi 2017 kuti iisiya. Chithandizo chinatha pa 31 Disembala 2020, ndipo kuyambira pa 12 Januwale 2021 Flash Player inayamba kukana yokha kutsegula chilichonse. Mwezi womwewo Chrome 88 ndi Firefox 85 zinatuluka zilibiretu malo ake.

Tsono chenjezo loyamba ndi ili: webusaiti iliyonse yokuuzani lero kuti "ikani Flash Player yatsopano kuti museweretse gemuyi" ikunama. Adobe sikugawanso pulogalamuyi, ndipo mabrowser amakono alibe poilumikiza. Chomwe mungakopere pamenepo nthawi zambiri ndi pulogalamu yodzaza malonda kapena yoba mapasiwedi. Chakomachakoma pusi anagwa chagada.

Njira yoyamba yabwino ndi Ruffle. Iyi ndi pulogalamu yaulere yomwe anaiyambitsa Mike Welsh, yolembedwa mwatsopano m'chinenero cha Rust kuti iziwerenga mafayilo a .swf popanda Flash yakale ija. Imapezeka pa ruffle.rs mu mitundu iwiri yofunika kwa munthu wamba. Wina ndi kapulogalamu kowonjezera pa Chrome, Firefox kapena Edge: mukakaika, tsamba lakale lomwe lili ndi gemu ya Flash limatseguka lokha, mumangodina chizindikiro choyambitsira pakati pa bwalo. Wina ndi pulogalamu yoima payokha ya Windows, Mac kapena Linux: mumaitsegula, n'kukokeramo fayilo ya .swf. Internet Archive, webusaiti yosunga zakale za pa intaneti, inayamba kugwiritsa ntchito Ruffle mu Novembala 2020, moti magemu ambiri osungidwa kumeneko amaseweredwa pa tsamba pomwepo, osaika kalikonse.

Ngati tsamba la gemu likadalipo ndipo mukufuna kusunga fayilo yake, dinani F12, sankhani gawo la Network, lembani swf m'kabokosi kosefera, kenaka tsegulaninso tsambalo. Adiresi ya fayilo ionekera pa mndandanda. Njira ina n'kudina Ctrl ndi U kuti muone zolembedwa za kuseri kwa tsamba, n'kusaka mawu oti .swf. Ngati tsambalo linafa, lembani adiresi yake mu Wayback Machine, makina a Internet Archive osunga makope a masamba akale, musankhe chaka cha pakati pa 2006 ndi 2012. Musadabwe kupeza tsamba lili bwinobwino koma pakati pali bowo: makina osunga aja nthawi zambiri ankatola tsamba n'kusiya gemu. Yesani masiku ena, kapena webusaiti ina yomwe inali ndi gemu yomweyo.

Zolakwika zimayambira apa, ndipo chilichonse chili ndi chifukwa chake. Fayilo ikakana kutseguka n'komwe, itseguleni ndi Notepad muone zilembo zitatu zoyambirira. Fayilo yeniyeni ya Flash imayamba ndi FWS, CWS kapena ZWS, malinga ndi momwe anaipanikizira. Mukaona mawu a HTML, ndiye kuti mwakopera tsamba lonena kuti fayilo kulibe, lomwe langovala dzina la gemu. Fayilo ikakhala yaing'ono modabwitsa, makilobayiti 20 kapena 30, ndipo ikungoonetsa kamzere kodzaza koma kosatha, dziwani kuti mwagwira chitseko, nyumba yake ili kwina: magemu ambiri anali ndi kafayilo koyamba komwe ntchito yake inali kuitana mafayilo ena a magawo, nyimbo ndi zithunzi. Onsewo afunika kuwapeza ndi kuwaika m'mafoda a mayina omwewo monga analili pa seva. Pulogalamu yaulere ya JPEXS Free Flash Decompiler imatsegula mimba ya .swf n'kukuonetsani ma adiresi omwe gemu ikufuna.

Magemu ena amaima pa malo pomwe kale pankaoneka malonda asanayambe. Ambiri ankagwiritsa ntchito MochiAds, ndipo kampani yake, Mochi Media, inatseka mu Malichi 2014. Gemu imaitana seva yomwe kulibenso. Ena mukawadikira masekondi angapo amatopa n'kupitirira, ena amaimiratu. Palinso loko yomwe opanga ankaika poopa kuberedwa: gemu imayang'ana adiresi yomwe ikuseweredwa, ikaona kuti si ya eni ake imaonetsa uthenga wokana kapena chibwalo chakuda. Fayilo yotereyi, ngakhale ili yathunthu, siyenda kuchokera pa diski yanu mwachisawawa.

Kusiyana kwa zinenero zolembera n'kofunikanso kudziwa. Magemu akale analembedwa mu ActionScript 1 ndi 2, ndipo awa Ruffle imawatha bwino kwambiri. ActionScript 3 inabwera ndi Flash Player 9 mu 2006, ili ndi injini yakeyake, ndipo Ruffle inachedwa kuiphunzira. Lero ambiri a mtunduwu akuyenda, koma mukaona batani losadinika, mawu osamveka kapena chithunzi chosowa, yambani mwaika Ruffle yatsopano musanaweruze kuti fayilo ndi yoonongeka, chifukwa opanga ake amaikonza kawirikawiri. Komanso si gemu iliyonse ya pa browser yomwe inali ya Flash. Mafayilo othera ndi .dcr ndi a Shockwave, yomwe Adobe inaisiya mu Epulo 2019, othera ndi .unity3d ndi a Unity Web Player. Ena anali a Java. Ruffle siwerenga ngakhale imodzi mwa izi.

Apa m'pamene Flashpoint Archive imaposa. Ntchitoyi anaiyambitsa Ben Latimore wa ku Australia, wodziwika kuti BlueMaxima, Adobe italengeza za kutseka, ndipo anthu odzipereka asonkhanitsamo magemu opitirira 100,000. Ili mitundu iwiri. Ultimate ili ndi zonse, imalemera kupitirira terabayiti imodzi, ndi ya osunga zakale enieni. Infinity ndi yomwe munthu wamba akufuna: mumaika pulogalamu yaing'ono, ndipo gemu iliyonse imakopedwa pokhapokha mwaidina koyamba, kenaka imaseweredwa ngakhale intaneti palibe. Nzeru yake ndi yakuti imayendetsa kaseva konamizira mkati mwa kompyuta yanu. Gemu ikafunsa kuti "kodi ndili pa webusaiti ya kwathu?", kasevako kamayankha kuti inde, n'kuipatsa mafayilo onse omwe ikuitana. Choncho loko ija imatseguka, mafayilo obalalika aja amapezeka, ndipo Shockwave, Unity ndi Java zilinso momwemo. Imayenda bwino kwambiri pa Windows. Zovuta zake zodziwika ndi ziwiri: pulogalamu yoteteza ku mavairasi nthawi zina imagwira kaseva kaja n'kukatsekera, gemu n'kumangoonetsa choyera, ndiye muyenera kuuza yotetezayo kuti foda ya Flashpoint aisiye, ndiponso iikeni mu foda wamba yomwe muli ndi ufulu wolembamo, osati yomwe ikukopedwa yokha kupita ku OneDrive, malo a Microsoft osungira mafayilo pa intaneti.

Mfundo ya mayina ija yafika. Munthu wa ku Brazil akalemba Fogo e Água mu Flashpoint akhoza osapeza kanthu, chifukwa mndandanda umatsatira dzina lomwe mwini gemu anaipatsa. Amene akukumbukira zochitika zokha, monga "kambewa kothamangira tchizi" kapena "galimoto yokumba pansi", ayambe wapeza dzina loyambirira, kenaka asake nalo. Magemu omasuliridwa mwachangu ali ndi chilema china choseketsa: zilembo monga ã, ç ndi é zimasowa pakati pa mawu. Flash inkanyamula zilembo zokhazo zomwe wopanga anasankha, ndipo wopanga wa Chingerezi sankaganiza za zilembo za Chipwitikizi. Si vuto la kompyuta yanu, zinali choncho kuyambira kale.

Ambiri akatsegula gemu ya ubwana wawo amadandaula kuti yayamba kuthamanga, kapena kuti yavuta. Nthawi zambiri si ukalamba wa zala ayi. Magemu ambiri a Flash ankawerenga nthawi potsatira zithunzi zomwe zaonetsedwa, osati wotchi. Gemu yopangidwa kuti izionetsa zithunzi 30 pa sekondi, pa kompyuta yofooka ya mu lan house kapena ya kusukulu inkangokwanitsa mwina 18 kapena 20, ndipo zonse zinkayenda mwaulesi, adani omwe. Ana ochenjera ankadina batani lakumanja la mbewa n'kutsitsa Quality kufika pa Low kuti isamakakamire. Kompyuta ya lero imapereka liwiro lonse lomwe wopanga ankafuna, n'chifukwa chake gemu imaoneka yaukali. Kanthu kena kakang'ono: mabatani a mivi akamayendetsa tsamba m'malo moyendetsa munthu wa mu gemu, dinani kamodzi mkati mwa bwalo kuti kiyibodi imvere gemuyo. Ndipo gemu yofuna kudina Shift kambirimbiri imadzutsa kabokosi ka Sticky Keys pa kudina kwachisanu. Kazimitseni mu zokonzera za Windows musanayambe. Pa foni, Ruffle imatha kutsegula magemu a mbewa yokha, koma ofuna kiyibodi amakhala ovuta kusewera chifukwa mabatani ake palibe.

Tibwere ku mtundu wachiwiri, womwe ukupweteka mitima kwambiri. Orkut, webusaiti yochezerapo ya Google, inayamba mu Januwale 2004, ndipo anthu a ku Brazil anaikonda moti mu 2008 Google inasamutsira kayendetsedwe kake ku Belo Horizonte. M'menemo munali Colheita Feliz, munda wa pa kompyuta wobzala, kuthirira, kuzula udzu, kupha tizilombo ndi kukolola. Koma kukoma kwake kunali kuba: mbewu za mnzako zikapsa iye asanadzuke, umalowa m'munda mwake n'kutapako, pokhapokha ngati anagula galu wolondera. Anthu ankatchera alamu ya usiku chifukwa cha mbewu zosadyeka. Munda uliwonse, ndalama zake ndi mndandanda wa anzako zinali pa seva, osati pa kompyuta ya wosewera. Orkut itatsekedwa pa 30 Seputembala 2014, panalibe fayilo yoti munthu asunge n'kupezamo munda wake. Ngakhale wina atapeza .swf yake lero, angaone chipata chokha.

Club Penguin, gemu yomwe ana ankachezeramo pa intaneti aliyense ali ngati mbalame ya penguin, inayamba ku Canada mu Okutobala 2005, Disney inaigula mu 2007, ndipo ya Chipwitikizi inatsegulidwa mu 2008. Kwa zaka zambiri ana ankaunjikana mbali imodzi ya chimwala cha ayezi choyandama pa nyanja poyesa kuchitembenuza, potsatira mphekesera chabe, mpaka kampani inawalola kuti chitembenukedi pa phwando lotsanzikana mu 2017, isanatseke kumapeto kwa Malichi chaka chomwecho. Okonda gemuyi anamanga maseva awoawo otsanzira, ndipo timamvetsa chifukwa chake, koma owerenga adziwe zoopsa zake. Eni ake a maseva oterewa sadziwika, ena samayang'anira zokambirana, ndipo pasiwedi yomwe mwalembamo ili m'manja mwa mlendo. Lamulo silili kumbali yawo: Club Penguin Rewritten, yomwe inali yaikulu kwambiri, inatsekedwa mu Epulo 2022 apolisi a City of London atalowererapo, anthu atatu n'kumangidwa. Wofuna kuyesa malo oterewa asagwiritse ntchito pasiwedi yomwe amagwiritsa kwina, ndipo mwana asasiyidwemo yekha poganiza kuti ndi malo otetezeka aja a kale.

Habbo, hotelo ya pa intaneti yochezeramo ya kampani ya Sulake ya ku Finland, yomwe inafika ku Brazil mu 2006, ili ndi mwayi wina chifukwa eni ake akadalipo. Hotelo ikuyendabe, ndipo mu 2024 anatulutsa Habbo Hotel Origins, yobwezeretsa maonekedwe a mu 2005, ya anthu a zaka 18 kupita m'tsogolo. Malire a zakawo akukuuzani okha amene akumufuna: mwana uja ankasinthanitsa mipando ndi matebulo, zomwe iwo amati mobis, tsopano ali ndi khadi la kubanki. Chipinda chingabwerere momwe chinalili, koma anzake a m'kalasi omwe ankadzazamo akaweruka kusukulu sabwerera ndi pulogalamu. Transformice ya ku France, ya mu 2010, ya timbewa tothamangira tchizi ija, yomwe anthu a ku Brazil anaidzaza kwambiri, inapulumuka posamukira pa Steam, sitolo ya magemu ya pa intaneti. Flipline ndi Ninja Kiwi nawonso anatulutsa ena mwa magemu awo akale pa Steam, ndipo pomwe mwini akugulitsa kapena kugawa yekha, ndi bwino kutenga kwa iyeyo kusiyana ndi kutola kope la m'njira.

Tisaiwale kuti Brazil sinangolandira. Mu Epulo 2015 mnyamata wa zaka 19 wa komweko, Matheus Valadares, anatulutsa Agar.io: kadontho kamodzi kodya tinzake ting'onoting'ono, kothawa akuluakulu, koyendetsedwa ndi mbewa ndi mabatani awiri. Sinagwiritse ntchito Flash, ndipo inatsegula njira ya magemu ambiri othera ndi .io omwe anadzaza dziko lonse. Maphunziro a lan house aja onse alimo: kutsegula tsamba, kumvetsa pomwepo, kudyedwa, kuyambiranso.

Chotsala ndi nkhani ya zomwe munthu anasunga mu gemu. Flash inkalemba pomwe wosewera wafika m'timafayilo ta .sol, pa kompyuta pomwepo, ndipo webusaiti iliyonse inkapatsidwa makilobayiti 100 pokhapokha wosewera atalola zambiri. Amene ankasewerera ku lan house asavutike kufuna: malo ambiri otere ankaika pulogalamu yobwezera kompyuta mwakale ikangozimitsidwa, ndipo zonse zinkafufutika usiku womwewo. Koma amene kwawo kukadali kompyuta yakale ya banja m'chipinda chosungira katundu, ali ndi chuma chomwe sakuchidziwa. Pa Windows XP ya Chipwitikizi timafayiloti tili mu Documents and Settings, mu foda ya dzina la mwini, kenaka Dados de aplicativos, Macromedia, Flash Player, #SharedObjects. Magemu enieniwo nthawi zina amapezeka mu Configurações locais, pansi pa Temporary Internet Files, momwe Internet Explorer inkasiya makope a zomwe yatsegula. Mafoda awiriwa ndi obisika, ndiye muyambe mwauza Windows kuti ionetse mafayilo obisika. Ena mwa magemu opangidwa ku Brazil komweko, a mawebusaiti a ana ndi a makampani otsatsa malonda, sanafike pa mawebusaiti akunja, kotero kope lotsala likhoza kukhala pa diski ngati imeneyo. Flashpoint imalandira zoterezi kuchokera kwa anthu.

Kompyuta yomwe yakhala zaka 15 osayaka musaiyatse mwachisawawa, chifukwa chopereka magetsi chake chikhoza kupsa n'kupha diski. Tsegulani bokosi, muchotse diskiyo. Ikakhala ndi chingwe chachikulu chophwatalala cha mano 40, ndi ya IDE. Ikakhala ndi chopyapyala, ndi ya SATA. Pali kachipangizo kolumikiza mitundu yonse iwiri ku USB. Diski yaikulu ya mainchesi 3.5 imafuna magetsi akeake a mavoti 12, USB yokha siingaizunguze, ndipo pa ya IDE kachidutswa kakang'ono ka kumbuyo kaikidwe pa Master. Ikangooneka pa kompyuta yatsopano, koperani zonse kaye musanayambe kutsegula chilichonse, kenaka sakani m'kopelo mafayilo a .swf, .dcr ndi .sol, ndipo muwapime ndi pulogalamu yoteteza ku mavairasi. Mukamva diski ikugogoda mobwerezabwereza, izimitseni pomwepo muitengere kwa odziwa kupulumutsa mafayilo, chifukwa kuzungulira kulikonse kukupala mbale zake zamkati.

Ndife,
Owerenga anu okonda kusunga magemu akale